Anthu anga a m'phanga amayankhula poimba

Ndakhala ndikulemba nthano yaitali ya anthu okhala pansi pa nthaka, m'mapanga akuluakulu momwe dzuwa silinalowemo chilengedwere. Kuwala kwawo ndi kwa bowa womera m'makoma. Anthu amenewa alibe "b", alibe "k", alibe "ng'". Amayankhula poimba basi, ndipo tanthauzo lonse lili pa kukwera ndi kutsika kwa liwu. Ndinawapangira chiyankhulo chawo, mawu ake ndi malamulo ake, n'kuchilemba m'kope la chikuto cholimba. Papepala chinkaoneka bwino zedi. Kenako achemwali anga anachiimba.

Do mi do

Achemwali amaimba aluto m'kwaya ndipo manoti amawawerenga osadodoma. Ine ndimangodziwa kuwagogoda pa kiyibodi ndi chala chimodzi. Ndinkafuna kumva chiyankhulo changa chikutuluka pakamwa pa munthu, ndiye ndinawapatsa tsamba limene ndinkalikonda kuposa onse. Mwana wamwamuna walowa mumpata woletsedwa, umene kumapeto kwake kuli phompho, ndipo amake akumuthamangira mumdima akuitana. Mawu amene mayiyo akufuula ndi amodzi okha, "bwerera". M'kope langa anali manoti atatu: do, mi, do.

Anaimba kamodzi, liwu lili see, noti iliyonse pamalo pake. Ine ndinawomba m'manja. Iwo anakwinya nkhope.

"Iwe, mayi ameneyu waima duu kapena akuthamanga?"

"Akuthamanga, achemwali."

"Mumdima? Mwana watsala pang'ono kugwa?"

"Eya."

"Ndiye sangaimbe chonchi."

Anaika pepala pansi n'kutuluka. Ndinawamva akuthamanga panja, uku ndi uku, ine ndili kukamwa yasa. Anabwera ali wefuwefu, dzanja lili pachifuwa, n'kufuula manoti aja mmene angafuulire mayi amene akuona mwana wake akulunjika kuphompho. Liwu linatuluka lothina, lonjenjemera, lokankhikira m'mwamba. Noti yapakati sinakhale pa mi. Inasuntha pang'ono n'kukatera pa fa.

Ndinatsegula kope. Do fa do analimo, ndipo tanthauzo lake linali "pitirira".

Nditawauza anaseka mpaka kukhala pansi. "Basi wapita mwana ameneyo. Amake omwe amuuza kuti apitirire."

Tinaseka tonse. Koma akunyamuka anaponya funso limene mpaka lero silinandichoke m'mutu: "Kodi anthu akowa sadwala chimfine? Sakalamba? Salira?"

Chifukwa chake amaimba

Sindinawapatse nyimbo chifukwa choti nyimbo n'zokoma. Aliyense amene anayankhulapo m'chinyumba chachikulu chopanda katundu akudziwa zimene zimachitika. Timaphokoso tating'ono ta p, t ndi k timasochera m'mawu obwerera kuchokera kumakoma, ndipo chimatsala ndi chuni cha zimene wanena. Munthu ali patali sungamve mawu ake enieni, koma umadziwa kuti akufunsa, akukalipa kapena akuchonderera. Ndinaganiza kuti mtundu wa anthu utakhala m'malo otero mibadwo ndi mibadwo, ungasiye zimene zimasochera n'kusunga zimene zimafika.

Phangalo linandipatsanso mwambo umodzi umene ndimaukondabe. M'menemo noti siifa msanga, imalendewera m'mlengalenga kwakanthawi. Choncho munthu waulemu amadikira kuti liwu la mnzake lizimiririke asanayankhe, ndipo wamwano amadziwika ndi kuimba pamwamba pa mawu a wina asanathe kubwerera. Zimenezi zinali bwino. Vuto linali m'mafupa enieni a chiyankhulocho.

Mphunzitsi wa nyimbo wa ku France

Mafupawo ndinabwereka kwa munthu amene analikodi. François Sudre, woimba vayolini wa ku France amene anabadwa mu 1787 n'kumwalira mu 1862, anathera gawo lalikulu la moyo wake pa chiyankhulo chotchedwa Solresol. Chinamangidwa pa manoti asanu ndi awiri: do, re, mi, fa, sol, la, si. Buku lake lofotokoza chiyankhulochi linatuluka mu 1866, mwini wake atapita kale, ndipo mu 1902 Boleslas Gajewski anasindikiza galamala yake.

Masamu ake amakopa. Ndi manoti 7, mawu a manoti awiri angakhalepo 49, a manoti atatu 343, a manoti anayi 2,401. Sudre anawonjezera luso lina loti ukatembenuza mawu ena umapeza otsutsana nawo: misol ndi zabwino, solmi ndi zoipa, domisol ndi Mulungu, solmido ndi mdyerekezi. Ndipo poti zizindikiro n'zisanu ndi ziwiri zokha, ukhoza kuziimba, kuziliza pa lipenga, kuzilemba ndi manambala, kuzionetsa ndi mitundu ya utawaleza kapena ndi manja. Iye ankalota kuti wosaona, wosamva ndi mlendo wochokera kutali onse adzamvana m'chiyankhulo chimodzi.

Ndimamulemekeza bamboyu. Koma taonani ichi. Mu Solresol "inde" ndi si, "ayi" ndi do. Munthu akangoimba noti imodzi mumdima, wopanda china choyerekezera nacho, mudziwa bwanji kuti ndi iti? Anthu otha kutchula dzina la noti pongoimva yokha ndi ochepa kwambiri, ngakhale pakati pa oimba. Komanso manoti ali ngati makwerero amene masitepe ake satalikirana mofanana. Pakati pa mi ndi fa, ndiponso pakati pa si ndi do yam'mwamba, mpata wake ndi theka chabe la mipata inayo. Ndiye kuti "inde" ndi "ayi" akhoza kukhala moyandikana pamalo poterera kwambiri pa makwerero onsewo. Pomwepo ndi pamene mayi wa m'nthano yanga anagwerapo.

Mmene ndikuonera ine, Solresol imayenda bwino kwambiri pamene sikuimbidwa. Ukatchula "mi" ndi "fa" ngati mawu wamba, m ndi f amakupulumutsa. Ukawachotsa, watsala ndi khosi la munthu, ndipo khosi la munthu limatopa.

Olemba nthano anayamba kale kulota za zimenezi. Mu 1638 munatuluka buku la Francis Godwin, bishopu wa ku England, lotchedwa The Man in the Moone, momwe mwamuna wina amaulutsidwa ndi mbalame mpaka kumwezi n'kukapeza anthu oyankhula ndi machuni. Anthu a m'nthano zotere amakhala pafupifupi angelo: amtendere, anzeru, mawu okoma nthawi zonse. Anganso anali otero. Palibe mmodzi yemwe amene anasasa mawu.

Ng'oma ndi likhweru

Funso la achemwali linanditumiza kwa anthu enieni amene amatumiza uthenga ndi chuni chokha, poti iwowa chimfine amadwala.

Pa chilumba cha La Gomera, chimodzi mwa zilumba za Canary za dziko la Spain, anthu amayankhulana ndi likhweru kudutsa zigwa zakuya, mtunda wa makilomita angapo. Amachitcha Silbo Gomero. Kuyambira mu 1999 ana amachiphunzira kusukulu, ndipo mu 2009 bungwe la UNESCO linachiika pa mndandanda wa chuma cha chikhalidwe cha anthu. Ku Turkey, m'mudzi wa Kuşköy, kulinso zofanana. Koma Silbo si chiyankhulo choima pachokha. Ndi Chisipanishi choimbidwa m'likhweru, ndipo mawu ambiri osiyana amamveka chimodzimodzi akalowa m'likhwerumo. Chimapulumutsa womvera n'choti akudziwa kale amene akuitana, kumene ali, ndi nkhani zimene mbusa angafuule pa nthawi imeneyo.

Chimene chinanditsegula mutu kwenikweni ndi ng'oma za anthu a mtundu wa Kele ku Congo, zimene mmishonale John Carrington anazifotokoza m'buku lake la mu 1949. Ng'omayo ili ndi mawu awiri okha, okwera ndi otsika. Ndiye mawu ambirimbiri amagwera pa kamvekedwe kamodzi. Mwezi ndi nkhuku, mwachitsanzo, pa ng'oma zimamveka mofanana. Oimba ng'oma sanathetse vutoli powonjezera manoti. Anatalikitsa zonena. Mwezi umakhala "mwezi woyang'ana pansi padziko", ndipo nkhuku imapatsidwa mchira wakewake wonena za kulira kwake. Uthenga umatalika kangapo, koma mbali ina ikasochera m'mphepo, yotsalayo imakwanira.

Ine ndinkachita zosiyana. Ndinkanyadira kuti kanoti kalikonse kali ndi ntchito, palibe chotayika. Chiyankhulo chotere chimafuna woyankhula amene salakwitsa, ndipo munthu woteroyo sanabadwebe.

Liwu la pakhomo

Ndinayambiranso. Choyamba ndinachotsa fa ndi si, n'kutsala ndi manoti asanu: do, re, mi, sol, la. Pamenepa palibenso timipata ta theka, ndipo n'zosadabwitsa kuti nyimbo zamakolo za mitundu yambiri padziko zimayenda pa manoti asanu otere. Mawu a manoti atatu anatsika kuchoka pa 343 kufika pa 125, zomwe zinandiwawa. Koma noti ikhoza kukhala yaitali kapena yaifupi, ndipo ukawerengera zimenezo, mawu a manoti atatu amafika 1,000. Pa anthu a m'phanga ndi okwanira kuyambira. Mawu oopsa kuwasokoneza ndinawatalikitsa n'kuwasiyanitsa kotheratu. Tsopano "bwerera" amatsika kawiri n'kubwerezedwa, pamene "pitirira" amakwera osabwerera. Ngakhale woledzera sangawasinthanitse.

Chachiwiri ndi chimene chinasintha dziko lonselo. Liwu la mwana, la mayi ndi la bambo wa besi sizikhala pamalo amodzi. Mnyamata akamakula liwu limagwa. Nkhalamba imafika pochepa. Ndiye palibe noti imene ingakhale ndi tanthauzo payokha. Ndinakhazikitsa lamulo loti aliyense asanayankhule amayamba watulutsa noti imodzi yaitali, pamene khosi lake limakhala momasuka tsiku limenelo. Iwo amaitcha liwu la pakhomo. Mawu onse otsatira amawerengedwa kuchokera pamenepo, masitepe angati m'mwamba, angati pansi. Wachimfine amangoyambira pansi, ndipo amamveka.

Nditangolemba lamulo limeneli, zinthu zinayamba kubadwa zokha, zina osazifuna n'komwe. Liwu la pakhomo linasanduka moni. Kenako linasanduka ulemu: wamng'ono akamayankhula ndi wamkulu amasiya liwu lake n'kutenga la wamkuluyo, ngakhale likhale lomuvuta kufikira. Ndili ndi tsamba limene kamtsikana kakulimbana ndi liwu lakuya la agogo ake aamuna mpaka kutsokomola, agogowo n'kukweza lawo pang'ono kuti akachitire chifundo. Anthu awiri okangana aliyense amakakamira liwu lake, ndipo phanga lonse limadziwa kuti kwavuta chifukwa machuni awo akugundana m'makoma. Funso ndi chiganizo chimene sichibwerera pakhomo. Chimasiyidwa m'malere, ndipo woyankha ndiye amachitsitsa. Pangano limaimbidwa ndi anthu awiri nthawi imodzi, ndipo likapanda kugwirizana m'makutu a mboni, silinamangidwe.

Panabukanso funso loseketsa. Anthu amene kuyankhula kwawo ndi nyimbo kale, akafuna kusangalala amaimba chiyani? Chuni chilichonse kwa iwo ndi mawu. Kung'ung'uza pogwira ntchito kungakhale kubwebweta zopanda mutu, mwinanso kutukwana mnzako mosadziwa. Ndinagamula kuti nyimbo zawo zilibe chuni: amawomba m'manja, amagogoda miyala, amapondaponda pansi. Ndinasiyira pomwepo, sindinafune kukumba kwambiri.

Wonyamula mawu

Chimfine ndi ukalamba zinatheka. Kulira ndiye kunakanika.

Munthu akamalira khosi limamangika, mpweya umaduka, liwu limathyoka pamene silinafune. Ife tikhoza kuyankhula tikusisima ndipo mnzathu amatolera mawuwo, chifukwa makonsonanti amakhalapobe. Kwa anthu a m'phanga, liwu likathyoka tanthauzo lathyoka nalo. Ndinayesa kutalikitsa mawu a chisoni monga amachitira a ng'oma aja, koma wolira sangamalize ngakhale manoti atatu. Zinafika poti pa nthawi imene munthu akufunitsitsa kunena kanthu, m'pamene chiyankhulo chake chimamuthawa.

Ndinabwerera kwa achemwali ndi vutoli. Iwo sanalione ngati vuto la galamala. Anati m'kwaya, wina akagwidwa ndi chisoni pakati pa nyimbo, amangotseka pakamwa, ndipo woima naye pafupi amakweza liwu kuti mzere usagwe. "Palibe amene amauzidwa," anatero. "Umangomva kuti mnzako wasiya."

Pamenepo ndi pomwe panachokera munthu amene tsopano ali pakatikati pa nthano yanga, wonyamula mawu. M'dziko la m'phanga, woferedwa sayankhula pagulu. Amagwira mkono wa munthu amene amamukhulupirira n'kumagogoda ndi zala. Chala chilichonse mwa zisanu chikuimira noti imodzi, kukanikiza nthawi yaitali ndi noti yaitali. Wogwiridwayo amaimba zimene akumva pakhungu, koma amaziimba pa liwu la pakhomo la wolirayo, kuti onse adziwe mwini mawu. Manoti asanu aja ndinawasankha pothawa timipata ta theka, osaganiza za dzanja ayi. Tsiku limene ndinazindikira kuti akukwanira ndendende pa zala, ndinadzuka pampando.

Udindo umenewu ndi woopsa. Wonyamula mawu akhoza kufewetsa zimene wauzidwa, akhoza kuzinola, akhoza kunama. Wamasiye akuimba mlandu mfumu kudzera m'khosi la mlamu wake, mlamuyo akuopa mfumu: kodi aimba zonse? Wamasiyeyo akumva ndi makutu ake kuti mawu ake asinthidwa, koma khosi lake silingatsutse. Amangokanikiza zala mwamphamvu mpaka zikhadabo kulowa m'mnofu. Mutu umenewu ndinaulemba usiku umodzi, ndipo ndi woyamba m'buku lonselo umene anthu ake anandimvekera ngati anthu. Kale nthano yanga inali ya nkhondo ya mafumu awiri olimbirana mtsinje wa pansi pa nthaka. Mtsinjewo ulipobe, koma sindiusamalanso kwenikweni.

Mtsikana wosamva masitepe

Pali anthu padziko pano amene amabadwa ndi vuto lotchedwa amusia. Makutu awo ndi abwinobwino, amamva mawu, amazindikira kulira kwa galu ndi kugogoda kwa chitseko, koma sasiyanitsa bwino noti yokwera ndi yotsika zikayandikana. Kwa ambiri a iwo nyimbo ndi phokoso chabe. Kuno munthu wotere amakhala moyo wake wonse bwinobwino, amangopewa kwaya. M'phanga langa angakhale ngati mlendo pakati pa abale ake, akumva aliyense akutulutsa liwu koma osatolapo kanthu.

Mwana wothamangira kuphompho uja ndinamusintha. Tsopano ndi mtsikana, ndipo sabwerera amake akamuitana chifukwa "bwerera" ndi "pitirira" kwa iye n'chimodzimodzi, ngakhale ndinawasiyanitsa chotani. Amapulumuka mwa njira ina, imene sindiulula pano. Anthu amamuyesa wopusa. Chiyankhulo chokha chimene chimamufika ndi cha zala, chimene ena onse amachigwiritsa ntchito pa maliro pokha. Choncho amakula akuyankhula ndi amake m'chiyankhulo cha chisoni ngakhale pa nkhani zoseketsa, ndipo anthu amanyansidwa kuwaona awiriwo akugwirana mikono n'kumaseka, ngati akuitana imfa.

Ena amene ndawawerengera mbali imeneyi amati ndamuchitira nkhanza mwanayu. Mwina. Koma chiyankhulo chilichonse chimene anthu anayankhulapo chili ndi amene chimawasiya panja, ndipo chopeka chimene sichisiya aliyense ine sindichikhulupiriranso.

Papepala

Vuto lina ndi la owerenga. Ndikadzaza masamba ndi do re mi, ambiri adzadumpha, ndipo sindingawaimbe mlandu. Ndinasankha kulemba zokambirana zonse m'Chichewa wamba, n'kumangotchula zimene khutu la m'phanga lingaone kukhala zofunika: watenga liwu la yani, wadikira kapena waimba pamwamba pa mnzake, wasiya chiganizo m'malere kapena wachitsitsa. Manoti enieni amaoneka m'malo ochepa, pamene kusiyana kwa sitepe imodzi kuli nkhani ya moyo ndi imfa. Kope la chikuto cholimba lija limakhala pambali panga, ndipo mzere uliwonse wofunika ndimautumiza kaye kwa achemwali kuti auyese akuthamanga, atagona chagada, kapena atangodzuka kumene. Ena amabwera ndi yankho lalifupi: "Uwu sungatuluke."

Panopa ndili pa mutu umene unanditengera nthawi kuti ndiuone. Munthu akamanong'ona, timinofu ta m'kholingo timene timapanga liwu sitinjenjemera, ndiye kunong'ona kulibe noti yeniyeni. Yesani kunong'ona nyimbo imene mumaidziwa bwino, mumva kuti chatsala ndi mpweya ndi kagundidwe kake. Ndiye kuti anthu a m'phanga sangathe kunong'onezana. Chilichonse chimene anena chiyenera kuimbidwa, ndipo makoma amachitenga n'kukachipereka kutali. Okondana alibe pobisalira, ochitira upo mfumu alibe pokambirana. Njira yokhayo ndi ya zala, koma akuluakulu amaidziwa mwapatalipatali, mawu ochepa a pa maliro basi, ndipo amagogoda mochedwa ngati ana ophunzira kuyenda. M'phanga lonselo muli anthu awiri okha amene amayankhula ndi zala mothamanga pa nkhani iliyonse, mtsikana uja ndi amake. Amene akufuna kugwetsa mfumu azindikira zimenezi. Mfumu nayonso yazindikira, ndipo yatuma kale anthu kukamutenga mwanayo.